Router, switch, hub ndi access point: chofunika n'chiti pa ofesi ya nyumba ziwiri?

Nachisale analemba kuti:

Moni nonse. Ine ntchito yanga ndi yowerengera ndalama pa ofesi ina yaing'ono, koma popeza pakati pathu palibe katswiri wa makompyuta, akuluakulu andipempha kuti ndilembe mndandanda wa zipangizo zofunika kuti makompyuta athu onse azilumikizana bwino, ndipo sindikufuna kulemba zinthu zimene sindikuzimvetsa. Nkhani yake ili motere. M'nyumba yaikulu muli makompyuta 10 ndi pulinta imodzi, pomwe m'nyumba yosungiramo katundu, imene ili pa mtunda wa mamita pafupifupi 130, muli makompyuta 4 ndi pulinta ina, ndipo kumeneko tikufuna kuikako makamera 3 achitetezo. Kampani imene imatipatsa intaneti inatisiyira kabokosi kamodzi kokhala ndi mabowo 4 kumbuyo kwake, ndipo mpaka lero aliyense amalumikizana ndi kabokosi kameneka kudzera pa Wi-Fi. M'mamawa zinthu zimayenda bwino, koma onse akafika ndi mafoni awo, kutumiza fayilo imodzi yokha kumatenga nthawi yaitali, pulinta imasowa pa makompyuta ena, ndipo anzathu a kunyumba yosungiramo katundu saipeza Wi-Fi n'komwe pokhapokha atatuluka panja.

Ndafunsa anthu atatu ndipo aliyense wandiuza zake. Woyamba akuti ndigule router yachiwiri, wachiwiri akuti chofunika ndi switch, wachitatu akuti ndingogula extender n'kuiika pawindo. Kuwonjezera apo, m'kabati ndapezamo chipangizo chakale cholembedwa kuti hub, chokhala ndi mabowo 8, chimene chimayaka ndithu ndikachilumikiza ku magetsi. Kwa ine zipangizo zonsezi zimaoneka zofanana, timabokosi tokhala ndi mabowo ndi timagetsi tothwanima. Ndikupempha odziwa andifotokozere ntchito ya chilichonse, andiuze ngati hub imeneyi ndingaigwiritse ntchito, komanso njira yoyenera yofikira ku nyumba yachiwiriyo.

Mbewe anayankha kuti:

Mayi Nachisale, mwachita bwino kufunsa musanagule kanthu. Chisokonezo chimene muli nacho chili ndi gwero lake, ndipo gwerolo ndi kabokosi kamene anakusiyirani, chifukwa kawirikawiri kabokosi kotere kamakhala ndi zipangizo zinayi zosiyana mkati mwake: modemu, router, switch yaing'ono ya mabowo 4, ndi access point. Ogulitsa amangokatchula kuti router, n'chifukwa chake anthu ambiri amaganiza kuti vuto lililonse la netiweki limatha pogula router ina. Mukazisiyanitsa zinayizi m'maganizo mwanu, mndandanda wanu sukuvutani.

Ndiyambire pa kompyuta penipenipo. Kompyuta iliyonse, pulinta ngakhalenso kamera, ili ndi kachipangizo kamene kamailumikiza ku netiweki, kotchedwa network card kapena NIC, ndipo masiku ano kamabwera komangidwira kale mkati. Kachipangizo kalikonse kali ndi nambala yakeyake yotchedwa adiresi ya MAC, imene ili ndi ma bit 48 ndipo imalembedwa ndi zilembo komanso manambala 12. Theka loyamba la nambalayi limaperekedwa ndi bungwe lokonza miyezo ya zipangizo zotere, la IEEE, kwa kampani yopanga zipangizozo, pomwe theka linalo kampaniyo imagawa yokha. Laputopu imene ili ndi bowo la kebulo komanso Wi-Fi ili ndi maadiresi awiri otere. Mukumbukire adiresi imeneyi chifukwa kusiyana kwa hub ndi switch kwagona pa iyo.

Hub sidziwa adiresi ya aliyense. Uthenga ukalowa pa bowo limodzi, iyo imangoubwereza pa mabowo ena onse, ndipo kompyuta iliyonse imalandira uthengawo, n'kuyang'ana ngati uli wake, n'kuutaya ngati si wake. Zotsatira zake n'zakuti pa nthawi imodzi kompyuta imodzi yokha ndi imene ingatumize kanthu, ndipo ziwiri zikayamba pamodzi, mauthenga awo amagundana n'kuonongeka, kenako iliyonse imadikira kanthawi isanayesenso. Zimenezi zinachokera ku chiyambi cha Ethernet, njira yolumikizira makompyuta ndi kebulo, imene Robert Metcalfe ndi anzake anaiyamba mu 1973 pa malo ofufuzira a Xerox PARC ku California. Pa nthawiyo makompyuta onse ankalumikizidwa ku kebulo imodzi yaitali, ndipo lamulo lake linali lakuti uyambe wamvetsera, kukakhala zii utumize, ukagundana ndi mnzako udikire. Hub ndi kebulo imodzi yomweyo, kungoti inaikidwa m'bokosi. Zambiri mwa izo zimayenda pa liwiro la ma megabit 10 pa sekondi, zina 100, ndipo liwirolo amagawana onse olumikizidwapo. Ndinena mosapsatira mawu kuti imene mwaipezayo musaigwiritse ntchito, ngakhale ikuyaka.

Switch imaoneka ngati hub koma imaphunzira. Uthenga uliwonse ukalowa, switch imaona adiresi ya MAC ya amene watumiza n'kulemba m'kaundula wake kuti adiresi imeneyi ikupezeka pa bowo lakutilakuti. Pakapita kanthawi kochepa imakhala itadziwa aliyense, moti uthenga wochokera pa kompyuta yanu kupita ku pulinta umadutsa pa mabowo awiri okhawo, ena onse n'kukhala omasuka kutumizirana zawo pa nthawi yomweyo. Ikakhala kuti adiresi ina sinaidziwe, imatumiza ku mabowo onse mpaka mwini wake atayankha. Komanso pa switch, chipangizo chimatha kutumiza ndi kulandira nthawi imodzi, choncho kugundana kuja kulibenso. Ichi ndiye chipangizo chimene ofesi yanu ikusowa, ndipo amene anakuuzani za switch ananena zoona. Muwerenge mabowo motere: makompyuta 10, pulinta imodzi, kebulo yopita ku router, access point imodzi, ndi njira yopita ku nyumba yachiwiri, zonse pamodzi 14. Switch ya mabowo 16 ingakwanire lero, koma ikusiyirani awiri okha, ndiye ine ndingasankhe ya mabowo 24, ya liwiro la gigabit, kutanthauza ma megabit 1000 pa sekondi pa bowo lililonse.

Router ntchito yake ndi ina. Switch imalumikiza zipangizo za m'netiweki imodzi, pomwe router imaima pa malire a manetiweki awiri, kwa inu netiweki ya mu ofesi ndi intaneti. Iyo imayang'ana adiresi ya IP, yooneka ngati 192.168.1.20, n'kusankha ngati uthenga uyenera kutuluka kunja. Router ya mu ofesi yaing'ono imagwiranso ntchito zina zingapo: imagawira zipangizo zanu maadiresi a IP kudzera mu njira yotchedwa DHCP, imachititsa kuti nonse mutulukire pa adiresi imodzi imene kampani ya intaneti inakupatsani, ndipo imatsekereza anthu akunja kuti asalowe popanda kuitanidwa. Chofunika kudziwa n'chakuti mukamasindikiza chikalata pa pulinta ya mu ofesi, uthengawo sufunika kutuluka kunja, choncho ngakhale intaneti itazima, kusindikiza kuyenera kupitirira. Ofesi ngati yanu imafunika router imodzi yokha, ndipo muli nayo kale. Za modemu sindichulutsa mawu: imangomasulira zizindikiro zobwera kuchokera kwa kampani ya intaneti, kaya ndi za pa nthambo ya foni kapena za pa mafunde a netiweki ya mafoni, kuti router izimve. Pamene intaneti imabwera pa fiber, kebulo yonyamula kuwala, chipangizo chogwira ntchito yofanana ndi imeneyi chimatchedwa ONT.

Chotsala ndi access point, imene ili ngati mlatho pakati pa mafunde a wailesi ndi makebulo. Apa ndi pamene pali yankho la vuto lanu la masana. Wi-Fi imafanana ndi hub pa chinthu chimodzi: zipangizo zonse zimene zili pa tchanelo chimodzi zimasinthana mpata wotumizira, ndipo foni imene ili kutali, imene ikulandira mafunde ofooka, imatenga nthawi yaitali kutumiza kanthu kochepa, ena onse akudikira. Anthu ambiri ndi mafoni awo akakhala pa kabokosi kamodzi, mpata wa aliyense umachepa. Chilichonse chimene sichisuntha pa tebulo chilumikizidwe ndi kebulo, Wi-Fi isiyidwire mafoni ndi malaputopu. Extender, imene imabwereza mafunde a Wi-Fi kuti afike patali, sindikuilimbikitsa, chifukwa yambiri imalandira ndi kutumizanso pa wailesi imodzi yomweyo, moti liwiro limatsika ndi theka kapena kupitirira apo, ndipo pa mamita 130 kudutsa makoma awiri, chimene ingabwereze ndi mafunde ofooka kale.

Gondwe anayankha kuti:

A Mbewe afotokoza bwino za timabokosito, ndipo sindibwereza. Ine ndikufuna kukamba za makebulo, chifukwa pa ntchito imene ndakhala ndikugwira yomanga manetiweki, mavuto ambiri amene ndinaitanidwira anali a kebulo ndi mitu yake, pomwe switch inali bwinobwino.

Kebulo ya Ethernet ili ndi timawaya 8 takopa, topotedwa tiwiritiwiri kupanga magulu 4. Kupotako kuli ndi cholinga: phokoso lamagetsi lochokera kunja limagwera mofanana pa timawaya tiwiri topotanato, ndipo chipangizo cholandira chimatha kulichotsa poyerekeza kusiyana kwa tiwirito. Choncho amene akumanga mutu wa RJ45, umene umalowa m'bowo la kompyuta kapena switch, asamasule mapotedwewo kupitirira mamilimita pafupifupi 13. Pali mindandanda iwiri yovomerezeka yondandalikira timawayato m'mutumo potsata mitundu ya utoto wake, T568A ndi T568B, ndipo zonse zimagwira ntchito bola musankhe umodzi n'kuutsatira pa ofesi yonse. Cholakwika chimene ndimachipeza kawirikawiri n'chakuti munthu amangondandalika timawayato mmene wafunira, n'kuchita chimodzimodzi ku mbali inayo, poganiza kuti bola mbali ziwirizo zikufanana. Kachipangizo koyezera kotsika mtengo kamaonetsa kuti zonse zili bwino, chikhalirecho kebuloyo ndi yolakwika, chifukwa mano a pa mutu wa kebulo a nambala 3 ndi 6 ayenera kukhala a gulu limodzi lopotana. Kebulo yotere imagwira ntchito ikakhala yaifupi, ikatalika imayamba kutaya mauthenga. Mudziwenso kuti liwiro la ma megabit 100 limagwiritsa ntchito magulu awiri okha, pomwe gigabit imafuna onse anayi, ndiye mukaona kompyuta yatsopano pa switch yatsopano ikuonetsa 100 m'malo mwa 1000, muyambe mwakayikira kawaya kamodzi koduka kapena kosafika bwino pa dzino lake.

Pa za mtundu wa kebulo, Cat5e imakwanitsa gigabit pa mtunda wonse wololedwa, pomwe Cat6 imakwanitsa zomwezo komanso imatha kunyamula ma gigabit 10 mpaka mamita pafupifupi 55. Popeza kebulo ikalowa m'khoma imakhalamo zaka zambiri kuposa switch, ine ndimasankha Cat6. Chimene muyenera kukana ndi kebulo yolembedwa kuti CCA, imene mkati mwake ndi aluminiyamu wongokutidwa ndi kopa. Imathyoka msanga, imatentha kwambiri ikamanyamula magetsi a makamera, ndipo sikwaniritsa muyezo wa Cat5e kapena Cat6 ngakhale pa katoni atalembapo choncho. Makebulo ochokera m'zipinda athere pa patch panel, chipangizo cha mabowo ambiri chosonkhanitsira makebulo, pafupi ndi switch, ndipo bowo lililonse la pakhoma lilembedwe nambala yofanana ndi ya pa patch panel. Ntchito yolemba manambalayi anthu amaipeputsa, koma tsiku limene chinachake chidzasiye kugwira ntchito, idzakupulumutsirani maola ambiri.

Tsopano nkhani ya nyumba yachiwiri, imene kwa ine ndiyo yaikulu pa funso lanu lonse. Malire a kebulo yakopa ndi mamita 100 kuchokera pa switch kufika pa chipangizo, ndipo kawirikawiri amawerengedwa ngati mamita 90 a m'khoma ndi 10 a timakebulo ta kumapeto. Mamita 130 apitirira malirewo, ndipo kebulo siyenda molunjika ngati mmene munayezera, imakhota m'ngodya n'kukwera makoma. Wina adzakuuzani kuti iye anakokapo mamita 130 ndipo zinatheka. Zimatheka nthawi zina, koma zimagwira lero n'kukana mawa, ndipo vuto lotere ndi lovuta kulipeza kuposa la chinthu chimene chafa kotheratu. Wina adzati muike switch pakati pa njira kuti chigawo chilichonse chikhale chosakwana mamita 100, zimene n'zoona pa nkhani ya mtunda, koma switch imeneyo idzafuna magetsi ndi pobisala mvula, komanso sithetsa vuto lachiwiri, limene ndi loopsa kwambiri. Kopa amanyamula magetsi. Mphenzi ikagwa chapafupi, ngakhale isanakhudze nyumba zanu, imatha kuyambitsa mphamvu yaikulu yamagetsi m'kebulo yaitali yodutsa panja, ndipo mphamvuyo imakathera m'ma switch a mbali zonse ziwiri, nthawi zina mpaka m'makompyuta. Komanso nyumba ziwiri kawirikawiri zimakhala ndi ma earth osiyana, kutanthauza mawaya otsitsira magetsi m'nthaka, ndipo kebulo yakopa imasanduka njira yoti magetsi adutsemo pakati pa ziwirizo.

Yankho lake ndi fiber, imene ndi kaulusi kagalasi konyamula kuwala, ndipo galasi silinyamula magetsi. Fiber ya multimode imanyamula gigabit mpaka mamita 550 ikakhala ya mtundu wabwino monga OM3, pomwe ya single-mode imafika makilomita angapo, choncho iliyonse mwa ziwirizi ikukwanirani. Mutha kuitanitsa yodulidwa kale pa utali umene mukufuna, mitu yake itamangidwa kale ku fakitale, n'kuidutsa mu paipi yokwiriridwa pansi, osaipinda kwambiri pokhota. Ku mapeto onse awiri mudzafuna switch yokhala ndi bowo la SFP, limene ndi lolumikizira fiber, ndi kachipangizo kolowetsamo, kapena media converter, imene imasintha kuwala kukhala zizindikiro za pa kopa. Muonetsetse kuti zipangizo za mbali ziwirizo ndi za mtundu umodzi ndipo zikugwirizana ndi fiber imene mwagula. Ngati kukumba n'kosatheka, pali mawailesi awiri oyang'anizana, imodzi pa nyumba iliyonse, amene amagwira ntchito ngati kebulo yosaoneka, koma amafuna kuti pakati pawo pasakhale mtengo kapena khoma.

Nachisale analembanso kuti:

Zikomo kwambiri Bambo Mbewe ndi Bambo Gondwe, tsopano ndikuona pamene ndinkasokonekera. Hub ija ndaibwezera m'kabati, ndipo za fiber ndakambirana ndi akuluakulu, amene avomera kuti pakumbidwe ngalande ya paipi. Ndatsala ndi mafunso atatu. Loyamba, poyang'ana ma switch ndikuona ena olembedwa kuti managed, ena unmanaged, ena PoE, ndipo sindikudziwa ngati kusiyana kumeneku kukutikhudza ife. Lachiwiri, mnzanga wina wa mu ofesi ali ndi router yakale kunyumba kwake imene sakuigwiritsa ntchito, ndipo akufunsa ngati tingaiike ku nyumba yosungiramo katundu kuti kukhale Wi-Fi. Lachitatu, sindinamvetsebe chifukwa chimene pulinta imasowera pa makompyuta ena, makamaka magetsi akazima n'kuyakanso. Ku nyumba yachiwiriyo ndimaganiza zolemba switch ya mabowo 8.

Nabanda anayankha kuti:

Amayi anzanga, ndiyambe ndi switch ya mabowo 8 ija, chifukwa sikukwanirani. Makompyuta 4, pulinta imodzi, makamera 3 ndi access point imodzi ndi zipangizo 9, tisanawerengere njira yochokera ku nyumba yaikulu. Lembani ya mabowo 16 yokhala ndi bowo la SFP.

PoE ikukukhudzani kwambiri chifukwa cha makamerawo. Ndi njira yotumizira magetsi m'kebulo yomweyo imene ikunyamula uthenga, moti kamera imene ili pamwamba pa khoma sifuna soketi yakeyake. Muyezo woyamba, 802.3af wa mu 2003, umatulutsa ma watt 15.4 pa bowo lililonse, ndipo chipangizo chimalandira pafupifupi 12.95 chifukwa ena amatayika m'njira. Wachiwiri, 802.3at wa mu 2009, umatulutsa ma watt 30, ndipo 802.3bt wa mu 2018 umafika 60 ngakhalenso 90. Chimene anthu ambiri sayang'ana ndi mphamvu yonse imene switch ingapereke pa mabowo onse pamodzi, chifukwa switch itha kukhala ndi mabowo ambiri a PoE koma osakwanitsa kuwadyetsa onse mokwanira nthawi imodzi. Kwa inu, makamera 3 ndi access point imodzi pa muyezo woyamba zingafune mpaka ma watt 61.6, ndiye musankhe yopitirira pamenepo, makamaka ngati makamerawo ali ndi nyali zoonera usiku, zimene zimakoka magetsi ambiri kukada. Switch yotsatira miyezo imeneyi imayamba yafufuza ngati chipangizo chikufuna magetsi isanawatumize, choncho kompyuta wamba siingapse. Koma pali zina zotchedwa passive PoE zimene zimangotumiza magetsi osafunsa, ndipo zimenezo zitha kuononga chipangizo chimene sichinapangidwire izo.

Pa za managed ndi unmanaged, ndikudziwa kuti akatswiri ambiri amati ofesi ya anthu ochepa ikhoza kukhala ndi unmanaged, imene mumangolumikiza n'kuiwala, pomwe managed ndi imene mungalowemo kudzera pa kompyuta n'kusintha makonzedwe ake. Ine ndimaona mosiyana, ndipo chifukwa chake ndi zimene zinandichitikira pa ofesi ina imene ndinkagwirako ntchito. Tsiku lina m'mawa netiweki yonse inaima, timagetsi tonse ta pa ma switch tikuthwanima pamodzi mofulumira, ndipo panalibe kompyuta ndi imodzi yomwe imene inkatha kufika pa ina. Tinafufuza kwa maola angapo, kuzimitsa ichi n'kuyatsa icho, mpaka tinapeza kuti munthu wina, pofuna kukonza m'chipinda chochitira misonkhano, anaona kebulo ikulendewera n'kulowetsa mutu wake m'bowo lina la pakhoma, osadziwa kuti mutu winawo unali kale m'bowo loyandikana nalo. Mabowo awiriwo ankapita ku switch imodzi. Uthenga wopita kwa onse unkatuluka pa bowo lina n'kubwereranso pa linalo, switch n'kuutumizanso, ndipo popeza uthenga wa Ethernet ulibe chowerengera choti ufe ukazungulira kangapo, unkangochulukirachulukira mpaka kudzaza njira zonse. Munthuyo sanalakwe mwadala, ndipo zoterezi zingachitike paliponse pamene pali mabowo opanda kanthu. Mankhwala a vutoli anapezeka kalekale: mu 1985 Radia Perlman, akugwira ntchito ku Digital Equipment Corporation, anakonza njira yotchedwa Spanning Tree, imene imathandiza ma switch kuzindikira njira yozungulira n'kutseka bowo limodzi. Ma switch a managed amakhala nayo, pomwe ambiri a unmanaged alibe. Ndikanakhala ndi switch yotere tsiku limenelo, ndikanangotsegula tsamba la makonzedwe ake pa kompyuta n'kuona bowo limene latsekedwa.

Ubwino wina wa managed ndi VLAN, imene imakulolani kugawa switch imodzi kukhala ngati ma switch angapo osaonana. Inu mumasunga nkhani za ndalama, ndiye si bwino kuti foni ya mlendo amene mwamupatsa Wi-Fi, kapena kamera imene pulogalamu yake sinakonzedwenso chiipangireni, ikhale pa netiweki imodzi ndi kompyuta yanu. Ndivomereze kuti kukonza VLAN kumafuna munthu wodziwa komanso router imene imazimva, ndipo mwina simuyamba nazo chaka chino, koma switch mukagula yopanda mwayi umenewu, mudzafunika kugulanso.

Router ya mnzanuyo itha kugwira ntchito ngati access point, pokhapokha itakonzedwa bwino. Ngati ili ndi posankha kuti igwire ntchito ngati access point, sankhani pamenepo. Ngati ilibe, zimitsani DHCP yake, muipatse adiresi ya IP ya m'gulu lomwelo la router yaikulu koma imene sikugawidwa kwa ena, ndipo kebulo yochokera ku switch ilowe m'bowo lolembedwa kuti LAN, lolembedwa kuti WAN lisiyidwe lopanda kanthu. Mukaiwala kuzimitsa DHCP, pa netiweki padzakhala ogawa maadiresi awiri, ndipo kompyuta iliyonse idzamvera amene wayankha msanga, moti ena adzakhala ndi intaneti, ena ayi, popanda chifukwa chooneka. Mukaika ma access point oyandikana pa mafunde a 2.4 GHz, muwapatse matchanelo osiyana pakati pa 1, 6 ndi 11, chifukwa atatu amenewa ndi amene salowererana. Komabe router yakale kwambiri, imene opanga ake anasiya kuitulutsira zokonza za chitetezo, sindingaiike pa netiweki ya ofesi.

Mbewe anayankhanso kuti:

Mayi Nabanda, ine ndine mmodzi wa amene akanati unmanaged ndi yokwanira, ndipo nkhawa yanga ikadalipo, yakuti switch ya managed imene palibe akuidziwa imasanduka vuto tsiku limene amene anaikonza wachoka ndi mawu achinsinsi. Koma pa ofesi ya nyumba ziwiri yokhala ndi makamera, ndikuvomera kuti mfundo yanu ndi yolemera, bola Mayi Nachisale alembe mawu achinsinsiwo ndi makonzedwe onse n'kuzisunga pamalo otetezeka amene akuluakulu akuwadziwa.

Funso la pulinta latsala. Router imabwereketsa maadiresi a IP kwa nthawi yoikika, ndipo magetsi akazima n'kuyakanso, ma router ena amaiwala amene anali ndi adiresi iti, n'kugawa mwatsopano malinga ndi amene wayamba kupempha. Pulinta imene dzulo inali 192.168.1.20 lero ikhoza kukhala 192.168.1.27, pomwe makompyuta ena akuifunabe pa adiresi yakale. Lowani pa tsamba la router, pezani pamene alemba za DHCP reservation, mulembepo adiresi ya MAC ya pulinta, imene imapezeka pa pepala lomatidwa kumbuyo kwake kapena pa tsamba limene pulintayo imasindikiza yokha, n'kuimangirira ku adiresi imodzi ya IP. Muchite chimodzimodzi ndi makamera komanso chojambulira chimene chimasunga zithunzi zawo. Mukaona kompyuta ili ndi adiresi yoyamba ndi 169.254, dziwani kuti yapempha adiresi koma sinayankhidwe, ndiye mufufuze kebulo, switch kapena router.

Pa mndandanda wanu muwonjezerepo ma UPS awiri, zipangizo za batire zopereka magetsi kwa kanthawi akazima, imodzi ya router ndi switch ya m'nyumba yaikulu, ina ya switch ya ku nyumba yosungiramo katundu, popeza makamera onse adzadalira switch imeneyo pa magetsi awo, ndipo ikazima, onse azima nayo. Chojambulira cha makamera chikhale m'nyumba yaikulu, kuti wolowa kukaba katundu asachitengere limodzi, ndipo musadere nkhawa za fiber, chifukwa kamera imodzi imatumiza ma megabit ochepa chabe pa sekondi poyerekeza ndi 1000 amene njirayo imanyamula. Pulinta ya laser yokha musailumikize ku UPS, chifukwa ikamatenthetsa mkati mwake imakoka magetsi ambiri mwadzidzidzi moti UPS yaing'ono imazima pamodzi ndi zonse zimene zili pamenepo.